Nyimbo ndi sawundi za m'mafilimu, kodi mwana wa kuno ku Mangochi angadyerepo?

Jafali_wa_Mpondasi

Moni akuluakulu, achimwene ndi achemwali nonse. Ndakhala ndikungowerenga za anzanga osalembapo kanthu koma lero ndati nane ndifunse mwina alipo wina anadutsamo kale. Ndili ndi zaka 23, ndimakhala ku Mpondasi kuno ku Mangochi, ndili ndi kasitudiyo kuchipinda kwanga komweko, laputopu yakale, pulogalamu yopangira nyimbo ya FL Studio, maiki imodzi ndi kiyibodi yomwe mnzanga anandigulitsa popita ku Joni. Ndimapangira mabiti anyamata a kuno, nthawi zina makwaya a kutchalitchi, nthawi zina magulu a kaswida, nde za sopo zimapezeka ndithu.

Mwezi wathawu anyamata ena a ku Namiyasi anajambula kafilimu ka mphindi 20, nkhani ya msodzi yemwe bwato lake linamira nthawi ya mwera, nde anandipempha ndiwaikire nyimbo. Ine ndinavomera msangamsanga poona ngati nzophweka, ndinapanga piyano ina yachisoni nkuiyala kuyambira poyamba mpaka kumapeto. Tsiku loonetsa pa vidiyo sho ina pamsika anthu amangofunsana kuti akuti chani akuti chani, chifukwa mawu a osewera samamveka, mphepo ili phuu mu maiki, jenereta ya pa golosale ina ili kuseri kwa mawu onse, nde nyimbo yanga ija inangobwera kudzawonjezera phokoso. Potuluka mayi wina anandiuza maso ndi maso kuti mwana wanga nyimbo yako ikulira kuposa anamfedwa. Zinandipweteka kwambiri koma sananame.

Chichokereni tsiku limenelo mutu wanga suli pa mabiti, ndikamaonera filimu ndimatsinzina nkumangomvera, pena nyimbo ikulowa osaizindikira, pena kuli zii koma mtima ukugunda. Ndikufuna ndiphunzire zimenezi ikhale ntchito yanga. Nde ndithandizeni, kodi wopeka nyimbo za mufilimu ndi wa sawundi ndi munthu mmodzi kapena ndi ntchito ziwiri, nanga sukulu yake ili kuti kuno ku Malawi, komanso chachikulu kodi muli ndalama momwemu, chifukwa bambo anga akuti ndisiye zachibwana ndilowe nawo geni ya usipa kapena ndiwatsatire akulu anga ku Joni, ndipo andipatsa mpaka chaka chino chithe kuti ndiwaonetse chogwirika.

Boom_wa_ku_Monkey_Bay

Mphwanga Jafali, mayi aja usawakwiyire, akuuza zomwe anzako sakanakuuza. Ine kwathu ndi ku Monkey Bay koma ndimagwirira ku Blantyre, chino ndi chaka cha 11 ndikunyamula boom ndi rekoda.

Kunja si ntchito ziwiri zokha ayi. Pali wojambula mawu pamalo pomwe akuchitira sewerolo, pali womugwirira ndodo ya maiki ija timati boom, kenako ku situdiyo kuli wokonza mawu a osewera, wina wopanga timaphokoso ta mapazi, chitseko, nsalu kukhuzana, timati foley potengera dzina la Jack Foley yemwe ankagwira ntchitoyi ku Universal ku America, wina wopeka nyimbo, nde pomaliza wosakaniza zonsezi pamodzi. Nchifukwa chake mayina a kumapeto kwa mafilimu akunja amachedwa kutha. Kuno kwathu zonsezo amakusenzetsa wekha nkukulipira za munthu mmodzi, izi ndikuuziretu.

Koma khomo lolowera ndi kujambula mawu, osati nyimbo. Filimu ya sewero yofuna nyimbo zopekedwa mwina ingakupeze imodzi pachaka, pomwe anthu ojambula madokyumentale a mabungwe amabwera ku Mangochi pafupipafupi, za usodzi, za likodzo, za maukwati a ana, za kolera, enanso azungu opita ku Cape Maclear, ndipo onsewa amafuna munthu wodziwa kugwira maiki yemwenso amamva Chiyao. Iwe chimenecho uli nacho kale, ife ochoka ku Blantyre timachita kukuikira pa bajeti ya mayendedwe ndi malo ogona pomwe iwe uli pompo. Ukakhala pa seti ndi pomwe madayirekita amakudziwira, nde tsiku lina akamadandaula kuti nyimbo tiitenga kuti iwe nkuti ndiyeseniko.

Tsono za mphepo ndi jenereta zija. Maiki ya pa kamera iiwale. Mawu abwino amachokera pa kuyandikira basi, maiki yotchipa ili pafupi ndi kamwa imaposa ya mamiliyoni ili patali. Boom ikhale pamwamba pa mutu wa wosewera kunja pang'ono kwa chithunzi, italoza pakamwa kapena pachifuwa. Kunyanja kuli kachinsinsi kena, maiki yaitali ija imatola zonse zomwe zili kuseri kwa munthu amene yamuloza, nde ukailozetsa kwa wosewera amene nsana wake uli kumafunde watola nyanja yonse, bola uilozetse kuchokera pamwamba kuti kuseri kwake kukhale mchenga. Panja siponji yokha sithandiza, pamafunika kaubweya kaja amati deadcat, ukakasowa pita pa kaunjika ugule chidole kapena jekete ya ubweya wautali telala akusokere, ine kanga koyamba kanali kotero ndipo kanagwira ntchito zaka ziwiri. Uwauzenso anyamatawo kuti zolankhula zambiri azijambula mmamawa nyanja isanadzuke, makamaka miyezi ya June, July ndi August mwera ukamawomba.

Rekoda uike pa WAV, 48 kHz, 24 bit, osati MP3 komanso osati 44.1 yomwe unazolowera pa mabiti. Mawu azisewera chapa -12 pa mita ya rekoda, asafike pofiira chifukwa mawu osweka sakonzeka. Kamera ikayamba wina aombe m'manja kamodzi patsogolo pake kuti edita adzapeze polumikizira. Mukamaliza malo aliwonse uwauze onse akhale chete mphindi imodzi ujambule mpweya wa malowo, timati room tone, anthu amanyinyirika nazo koma ndi zomwe zimamata mabala pokonza. Jenereta kapena filiji ya eni nyumba upemphe azimitse, ndipo ukazimitsa filiji ya munthu ikamo makiyi ako kuti usachoke osaiyatsanso. Udziwenso nthawi za adhana, ikayamba imikani kaye, ndi ulemu komanso simungathe kuidula pakati pa chiganizo.

Chomwe ndikufuna usadzaiwale ndi hedifoni. Chaka china tinapita ku Makanjira kukacheza ndi agogo ena asodzi okalamba kwambiri, anatifotokozera mmene chambo chinkachulukira kale ndi mayina a mphepo zonse za panyanja, ine kutentha kunandikwana ndinavula mahedifoni nkumangoyang'ana timagetsi ta pa rekoda. Tafika ku Blantyre tikupeza foni ya womasulira inali mthumba pafupi ndi waya, mawu onse ali tititi tititi. Pomwe timapeza ndalama yobwererako agogo aja anali atatisiya. Mpaka lero zimandiwawa.

Che_Mdala_wa_Usipa

Mwanawe ine za maiki sindizidziwa koma ndalama ndimaidziwa, nde undimvere. Bambo ako sakukuda. Filimu ya pa Malawi pano amagula ndani? Mukangoitulutsa mawa lake ili kale pa burning centre akuikopera anthu mu memori khadi pa mtengo wa mandasi, a vidiyo sho nawo akuonetsa za ku Nigeria ndi za karate zomasulira m'Chichewa zija chifukwa ndi zomwe ana amakonda. Mphwanga wina mwana wa achemwali anga anatenga ngongole kugula kamera ndi zipangizo zina, anajambula mafilimu awiri, onse omuyamikira anali ambiri koma wopereka ndalama panalibe, mapeto ake tinachita kusonkherana pabanja kuti asamulande malo. Panopa ali ku Durban akugwira mu shopu.

Sindikuti usiye, luso ndi mphatso ya Mulungu ndipo kulikwirira ndi tchimo. Koma usatenge ngongole, komanso geni ya bambo akoyo usainyoze, usipa ndi umene wakulera mpaka wagula laputopuyo. Pita nawo kudoko mmamawa, madzulo uzipanga zakozo. Achimwene a boom pamwambapa atiuze zoona ngati amadya za mafilimu zokha.

NaPhiri_Dayirekita

Achimwene a boom anena za mawu, ine ndinene za nyimbo poti ndine amene ndimakhala mbali inayo, ndajambulapo mafilimu afupiafupi anayi ndipo ndagwirapo ndi opanga mabiti atatu osiyana. Vuto lomwe unachita iwe Jafali onse atatu anachitanso lomwelo poyamba, nde si iwe wekha.

Biti ya woimba imafuna izimveka, ndi mwini bwalo. Nyimbo ya mufilimu ndi mlendo pa zokambirana za eni ake, imalowa pomwe yaitanidwa. Usanagwire kiyibodi khalani pansi ndi dayirekita muonere filimu yonse yopanda nyimbo, pepala lili mmanja, muzilemba kuti apa pa mphindi yakuti nyimbo iyambe, apa ithe, ndipo pena paliponse umufunse kuti ukufuna woonera amve chani pamenepa. Ngati sakutha kuyankha ndiye kuti pamenepo sipakufunika nyimbo. Pa filimu ya mphindi 20 ngati yanuyo ine ndingadabwe nyimbo itaposa mphindi 6 kapena 7. Tangoganiza pomwe mkazi wa msodzi uja akuuzidwa kuti bwato lapezeka koma munthu sanapezeke, ukaikapo piyano pomwepo wamulanda wosewera ntchito yake, siya timve mafunde patali ndi nkhuku pabwalo ndi kupuma kwake, nyimbo idzalowe iye akatsala yekha madzulo.

Chachiwiri usamapeke nyimbo yatsopano pa chochitika chilichonse. Peza kanyimbo kamodzi kakafupi, manotsi anayi kapena asanu, kakhale ka msodziyo. Poyamba kamveke mosangalala akukankha bwato, pakati kamveke pa chida chimodzi chokha, kumapeto kabwere pang'onopang'ono mwina osafika nkomwe pothera pake. Woonera sadziwa kuti ndi komweko koma mtima wake umakakumbukira. John Williams mu filimu ya Jaws ya 1975 anaopseza dziko lonse ndi manotsi awiri okha obwerezabwereza, nde nkhani si kuchuluka kwa zida. Komanso dziwa kuti piyano ndi gitala zimakhala dera limodzi ndi mawu a munthu, zikamalira pomwe wina akulankhula zimalimbirana malo, nde pansi pa zolankhula ika zinthu zokoka motalika komanso zapansipansi kapena osaika kanthu.

A Che Mdala akufunsa ngati za kuno zimapita patali. The Last Fishing Boat ya a Shemu Joyah ya 2012, nkhani yake ndi ya msodzi wa kunyanja konkuno, ndipo mphotho yomwe inatenga ku Africa Movie Academy Awards mu 2013 inali ya nyimbo zake zenizenizo. Nde zimatheka. Koma onaninso mbali ina, The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019, nkhani ya William Kamkwamba, anaijambulira ku Kasungu, anthu akulankhula Chichewa, koma nyimbo anapeka ndi Antonio Pinto wa ku Brazil. Munthuyo ndi katswiri sindikumunyoza, koma ine zimandikhudza kuti anthu akabwera ndi ndalama zawo kudzajambula nkhani yathu sapeza dzina la Mmalawi lomwe angaliimbire foni molimba mtima pa ntchito imeneyi. Oimba tili nawo ambiri, opekera zithunzi ndi amene akusowa.

Ndikuchenjezenso za mtima. Udzagona mochedwa masiku atatu kupanga chinthu chokoma kwambiri, ine nkubwera nkunena kuti chotsa sichikugwirizana ndi nkhope ya mtsikanayo. Wina mwa atatu aja tinasiyana pa chifukwa chomwechi, anali waluso kuposa enawo koma samafuna kuchotsa kanthu. Amene ndimabwerera kwa iye ndi uja amafika tsiku lomwe tinapangana ndipo amanditumizira zida padera padera, ng'oma payokha, zingwe pazokha, kuti posakaniza tithe kutsitsa chimodzi osapha zonse.

Jafali_wa_Mpondasi

Sikomo kwejinji nonse, ndawerenga kawiri kawiri ndipo zina ndakopera mu kope. A Che Mdala ndamva, ngongole sinditenga ndipo kudoko ndimapita kale masiku ena. Achemwali a NaPhiri za kanyimbo kamodzi zija zanditsegula mutu, ndinali ndi maganizo oti ndikabwereza anthu aona ngati ndine waulesi. Tsono achimwene a boom, filimu yomwe inawonongeka kale ija ingakonzeke kapena tingoitaya? Anyamatawo alibe ndalama yojambuliranso ndipo bwato lomwe anabwereka linagulitsidwa. Za sukulu nazo palibe wandiyankha.

Ambuje_a_Wailesi

Mdzukulu wanga, mwana wanga ndi amene akundilembera pa foni yake, ine maso anafooka. Ndinagwira ntchito ya zamawu pa wailesi zaka zambiri ndisanapume, panopa ndili kwathu kuno chaku Malindi. Nthawi yathu tinkajambula pa tepi ya mkombero, polakwika tinkadula ndi lezala nkumata, nde munthu unkaganiza kaye usanadule poti ukadula wadula. Pa masewero a pa wailesi chitseko, njinga, madzi mu ndowa, zonse tinkapanga ndi manja pomwepo osewera akulankhula. Inu muli ndi mwayi, kompyuta imakulolani kubwerera mmbuyo, koma khutu ndi lomwe lija, silinasinthe.

Chomwe chandidzutsa kuti ndiyankhe ndi piyano yakoyo. Msodzi wa ku Namiyasi akamwalira, kwawo kumalira piyano? Sindikuletsa, koma tayamba wayang'ana zomwe zili pakhomo. Kuli bangwe, kuli kaligo wa chingwe chimodzi amene amalira ngati munthu, kuli mangolongondo, kuli ng'oma ndi wezulo za beni, kuli sikiri amene mphamvu yake yonse ili mu mpweya wa pachifuwa popanda chida chilichonse, kuli nyimbo zomwe anyamata amaimba pokoka khoka. Wopeka wa ku Lilongwe kapena wa ku London zimenezi alibe, ndipo mu kompyuta yakoyo mulibe.

Kale m'zaka za m'ma 1950 kunabwera mzungu wina dzina lake Hugh Tracey, anayenda m'Nyasaland ndi makina ake kujambula nyimbo za m'midzi, ndipo zomwe anajambulazo zikusungidwa mpaka lero ku International Library of African Music ku Grahamstown, komwe pano akuti Makhanda, ku South Africa. Mnyamata wa ku Sweden uja Ludwig Göransson atapatsidwa ntchito yopeka nyimbo za filimu ya Black Panther sanakhale mu situdiyo ku America, anapita ku Senegal kukayenda ndi woimba Baaba Maal nkujambula ang'oma a kumeneko, anakafikanso ku nyumba yosungira nyimbo ija kukamvera, mapeto ake anatenga Oscar mu 2019. Iye anakwera ndege kukafuna zomwe iwe ungazipeze pa kabaza.

Koma pali mwambo wake. Ukapita kwa woimba bangwe yamba waonekera kwa amfumu, unene chomwe wabwerera, munthuyo umulipire ngakhale pang'ono ndipo dzina lake ulilembe kumapeto kwa filimu, ambiri anajambulidwa kale mayina awo osatchulidwa. Nyimbo za ku jando ndi ku nsondo si zonse zotulutsa pabwalo, akakuuza kuti iyi ayi usabise rekoda mthumba. Za chipembedzo nazonso funsa kaye ma shehe ngati nkoyenera kuziika pansi pa sewero. China, bangwe sachunidwa ngati kiyibodi, manotsi ake ena amagwera pakati pa makiyi ako, nde usamukokere ku makina aja owongola mawu poganiza kuti walakwa. Iweyo ndi amene utsatire iye, ngati kiyibodi ikukana isiye panja.

Ukadzadutsa ku Malindi udzafunse kwa mwana wangayu, kuli mkulu wina mnzanga amaimbabe kaligo, zala zayamba kuuma koma akadali bwino.

Achemwali_a_ku_Area_25

Ine ndimagwira za mapepala pa kampani ina yojambula kuno ku Lilongwe, nde ndiyankhe za sukulu ndi za ndalama. Sukulu yophunzitsa kupeka nyimbo za mafilimu zokhazokha usaivutikire kuifuna, anthu amalowera mmbali. University of Malawi ku Zomba ili ndi maphunziro a nyimbo ndi zisudzo, MUST ku Thyolo ili ndi za nyimbo za chiAfrica, Music Crossroads kuno ku Area 23 imaphunzitsa kuimba ndi kuwerenga nyimbo, ndipo MultiChoice Talent Factory ku Lusaka imatenga achinyamata a maiko a kuno kummwera kuphatikizapo Amalawi kukaphunzira za mafilimu, uziyang'anira akamalengeza. Pafupi nawe pali Radio Maria ku Mangochi komweko ndi Dzimwe ku Monkey Bay, kukapempha kuthandizako pa mapulogalamu kungakuphunzitse kukonza mawu a munthu wolankhula, zomwe mabiti sangakuphunzitse. Ngakhale Hans Zimmer uja wa nyimbo za The Lion King sanatulukire ku yunivesite ya nyimbo, anayamba ndi tinyimbo ta malonda ku London kenako nkukhala wothandizira wopeka nyimbo za mafilimu Stanley Myers, kuphunzira ali pambali pa mkulu. Nde achimwene a boomwo usawataye.

Pa kompyuta, FL Studio isunge popekera koma pa zolankhula ndi kusakaniza phunzira pulogalamu ya Reaper, amakulola kuiyesa masiku 60 ndipo laisensi yake yotsika ndi madola 60, siilemeranso pa laputopu yakale. DaVinci Resolve ili ndi yaulere yomwe ili ndi mbali ya sawundi mkati, kungoti imafuna makina amphamvu.

Tsono ndalama. A Che Mdala sananame, ambiri amagwa chifukwa amayamba ntchito pa mawu apakamwa. Ngakhale ndi anzako a ku Namiyasi lembani pepala limodzi, ntchito ndi iti, itha liti, ndalama zingati, theka lisanayambe theka pomaliza, angakubweze kangati kuti usinthe, ndipo dzina lako lilembedwa motani. Chofunika kwambiri mulembe kuti nyimboyo mwini wake ndani. Kulipidwa kuti upeke ndi kwina, kugulitsa umwini ndi kwinanso, ukhoza kuwalola aigwiritse mufilimu yawoyo koma nyimbo nkukhalabe yako. Ndaonapo mnyamata nyimbo yake ya mu dokyumentale itasanduka ya malonda pa TV miyezi yambiri osalandirapo kanthu poti anasaina pepala lomwe sanawerenge. Kalembetse ku COSOMA, bungwe loona za umwini wa zaluso lomwe lilipo kuyambira 1992, ndipo lamulo lomwe tikuyendera pano ndi Copyright Act ya 2016. Filimu iliyonse uzilemba kandandanda ka nyimbo zonse zili mmenemo, dzina, kutalika kwake, wopeka, amati cue sheet, popanda chimenecho ngakhale ionetsedwe kunja palibe angadziwe kuti ndalama ipite kwa ndani. Ndipo usatole kachidutswa ka nyimbo ya munthu pa YouTube nkuika mmenemo, filimu yonse akhoza kuitsekera chifukwa cha masekondi 10.

Boom_wa_ku_Monkey_Bay

A Che Mdala mwafunsa zoona nde ndiyankhe zoona, za mafilimu a sewero zokha sindikanadya. Chomwe chimalipira lendi ndi madokyumentale, misonkhano, timalonda ta pa wailesi, pena ukwati ndithu. Miyezi ina ndimakhala masabata atatu foni osalira. Koma ana anga awiri ali pa sukulu ndi boom yomweyi, ndipo sindinapite ku Joni.

Jafali filimuyo musaitaye. Zithunzi zilipo, nde mawu mupangenso onse. Aitane osewera mmodzimmodzi kuchipinda kwako, upachike mabulangete kuzipupa, aliyense aziona chithunzi chake ndi kumva mawu akale mu hedifoni nkumabwereza chiganizo chimodzi chimodzi mpaka milomo igwirizane, timati ADR. Zomwe zinachitikira panja ndi bwino mukazibwerezere panja pomwe pali phee mmamawa, chifukwa mawu a mchipinda amamveka kuti ndi a mchipinda. Akamanena za pa bwato aziyenda yenda kapena kunyamula kanthu kolemera kuti mpweya ufanane. Kenako uyale pansi pake mafunde, nkhafi, mapazi pa mchenga, zonse zojambula wekha. Ndi ntchito ya masabata awiri kapena atatu koma ukaimaliza udzakhala utaphunzira zomwe ena amaphunzira chaka. Posakaniza mawu a anthu akhale mfumu, zina zonse pansi, ndipo usakhulupirire mahedifoni okha, kaimvere pa sipika ya foni ndi pa vidiyo sho pomwe paja.

Ndili ndi Zoom H1n yakale yomwe sindikuigwiritsa, batani limodzi ndi lolimba koma imajambula bwino. Kumapeto kwa mwezi uno ndikubwera kudzaona amayi, tikumane pa roundabout ndikubwereke miyezi itatu. Ugule mabatire a AAA okwanira, ndipo uziisunga mu kapulasitiki chifukwa mchenga wa kunyanja ndi umene unapha yanga yoyamba.

Jafali_wa_Mpondasi

Achimwene sindikudziwa ndithokoze bwanji, ndakutumizirani nambala kumbali. Sindinadikire mwezi uthe, lero ndinadzuka 4 koloko nkupita nawo bambo kudoko ndi foni yanga nditaikulunga mu sokosi. Ndajambula maboti akubwera kuchokera kokoka usiku, injini ikuzima chapatali kenako nkhafi zokha, amayi akuitanira mitengo, ndowa zikugundana, ndipo nkhwazi inalira kawiri koma kachiwiri mwana wina anatsokomola pafupi. Ndazindikira kuti madzi akamamenya bwato la mtengo amamveka mosiyana ndi akamamenya boti la matabwa, zaka zonsezi ndimakhala pompo osazimva. Bambo anandiona ndikuwerama ndi foni pamadzi sananene kanthu, pobwerera anangondifunsa kuti nyimbo yokokera khoka yomwe ankaimba agogo anga ndikuidziwa, ndinati ayi, nde andiimbira ndime imodzi tili pa njinga. Ndikuganiza kanyimbo ka msodzi kaja ndikatenge pamenepo ngati iwo angalole.

Osewera awiri avomera kubwera Loweruka, wachitatu yemwe anasewera mkazi wa msodzi anakwatiwa ku Namwera nde ndikuyenera kupita konko ndi laputopu. Ambuje a ku Malindi, mkulu wa kaligo uja amapezeka masiku ati, ndipo popita ndiwatengere chani?